Mamililita Asanu

Maola awiri akakwana
timadzuka tonse ngati taitanidwa,
amayi asanu ndi awiri, mapatapata kukwakwaza pansi,
aliyense ndi kakapu kake.
Kusamba m'manja mpaka m'zigongono.
Kukhala pabenchi, kumasula bulauzi,
kufinya.

Ine Zelipa wa ku Chadiza,
amene ndinayamwitsa awiri m'munda wa nshawa,
bere panja, khasu m'manja, osaganizako n'komwe,
lero ndikuwerenga madontho
ngati wogulitsa mafuta ophikira pa Kapata.

Mwanayu anafulumira.
Miyezi isanu ndi iwiri yokha, iye n'kugogoda,
matewera tisanagule, dzina tisanakangane.
Sikelo inati kilo imodzi ndi magalamu mazana awiri:
paketi ya shuga ndi kachidutswa ka sopo.
Mchombo sunagwe.
Pakalamba ka pamkono pake analembapo dzina langa.

Sisita Jere anayeza kapaipi
kuchoka pamphuno kufika kukhutu,
kuchoka kukhutu kutsikira pamimba,
monga telala ayezera diresi la Khirisimasi,
kenaka n'kukalowetsa.
Ine ndinathawira pawindo.
Phiri la Kanjala linali pomwepo, lopanda nazo kanthu.
Kumbuyo kwanga kunamveka kakulira
ngati ka mwana wa mphaka pansi pa nkhokwe.

"Kwezani dzanja, mayi. Musakankhe.
Utsike wokha."
Ndiye ndimaima, sirinji m'mwamba,
kuonerera mkaka wanga ukuyenda njira yachilendo,
pang'onopang'ono,
kulowera pamphuno,
kulambalala pakamwa osapereka ndi moni womwe.
Kodi mimba imadziwa mwini mkaka?

Amayi pafoni: "Akuyamwa?"
Ndimati akudya.
"Ndafunsa ngati akuyamwa."
Ndimati netiweki yavuta.

Yobe saloledwa kulowa.
Amatsamiritsa njinga pampanda, thukuta la makasitomala lili pamsana,
n'kundikola ndi dzanja kuseri kwa galasi:
lero angati?
Ndimatambasula zala. Zisanu.
Mawa lake zisanu ndi zitatu.
Iye amagwedeza mutu ngati wamva mtengo wabwino wa thonje,
n'kupalasa kubwerera ku Navutika
kumene tikugonera kwa mlongo wake.

Bokosi loyandikana ndi lathu
linali la mwana wa Tikambenji.
Lachitatu usiku makina ake analira mwa mtundu wina.
Anamwino anathamanga osalankhula.
Kutacha, galasi linali lopukutidwa,
likununkha mankhwala.
Maola awiri atakwana
Tikambenji anadzuka nafe, kakapu m'manja,
anafika pakhomo,
n'kuima.
Bulauzi yake itanyowa mbali zonse ziwiri.
Bere silimva uthenga wa maliro.

Tsiku limenelo mkaka wanga unakana.
Ndinafinya mpaka khungu kutentha,
pansi pa kapu pangonyowa.
Mayi wina wa ku Lundazi, amene sitimvana bwino chilankhulo,
anandisisita kumsana ndi chibakera,
osanena kanthu,
mpaka unabwera.

Tsopano tili pa makumi awiri.
Masana amandiika iye pachifuwa, chitenje n'kumanga,
kapaipi kakulendewera pa tsaya
ngati ulusi umene wosoka waiwala kudula.
Ndimamva nthiti zake zikuwerenga zanga.

Ndipo usiku wathawu, cha m'ma thuu koloko,
kadzanja kaja, zala ngati machesi,
kanakola kapaipi n'kukazula konse.
"Taonani mwano!" anatero Sisita Jere,
akufunafuna pulasitala m'thumba.
Ine ndinabisa kuseka m'chitenje.
Mwano umafuna mphamvu.

Iwo akukatenga katsopano,
ndinafinyira dontho limodzi pamlomo wake.
Linakhala pamenepo, likunjenjemera.
Kenaka kalilime kanatuluka,
kakang'ono ngati nsonga ya tsamba la bonongwe,
n'kulitenga.
Kakamwa kanatafuna mphepo kawiri.
Anakwinya nkhope ngati akukumbukira munthu.
N'kugona.

Kapaipi kabwerera m'malo mwake.
Amayi sindinawaimbire.
Pakhonde mapatapata ayambanso kukwakwaza,
ndipo kakapu kanga sindikukaona pamene ndinakaika.