Mafirizi a pa Wenela

Usiku wonse firiji ya a Nachisale yachezera kung'ung'udza.
M'mawa ndalongedza makumi asanu ndi limodzi,
ouma gwa, oluma zala.

A Likoswe anatiuza Lachitatu, choko chili kukhutu,
kuti madzi ndi khamu la tinthu tosaoneka,
mamolekyu,
ndipo akaundana amagwirana manja,
aliyense pamalo pake, kumangonjenjemera
monga ife pa asembule m'mwezi wa Juni
chiperoni chitameza phiri la Soche.

Koma uno ndi Okutobala.
Pa Wenela dzuwa silinenerera mtengo.
Limalowa m'bokosi langa nthawi iliyonse ndikatsekula,
ngakhale wofunsayo asagule.
Kutentha sikuba kanthu, anatero a Likoswe,
kumangowapatsa miyendo.
Pofika masana manja aja atayana,
akukankhana, akupyolana m'khwapa
ngati anthu pakhomo la minibasi ya ku Chirimba,
ndipo firizi wa olenji wagona phwii m'pepala mwake.
Kondakitala wamufinya, wandibwezera:
“Iwe, ndagula madzi ine?”
Ndi omwewo, achimwene, angomasuka.
Sanamve. Galimoto yake yadzaza.

Ndikhala pa benchi ya Che Ajibu, ogulitsa tiyi.
Ketulo yawo yayamba kulankhula.
Kuno kumtunda, akuti, madzi amawira
asanafike n'komwe pa madigiri handiredi,
ndipo akawira, kolezani makala mmene mungathere,
satenthanso kuposa apo:
moto wonsewo ukungolipirira ulendo wa othawa.
Ndikuwaona akutuluka pamlomo wa ketulo,
mpweya woyera, kenako zii.

Achimwene anga a Lekeleni anakwerera pano pomwe.
Zinthu zitatentha kunyumba,
ngongole, lendi, mawu a bambo,
anayamba n'kuyendayenda m'chipinda usiku,
kenako anatitaya dzanja.
Chaka chino n'chachitatu.

Che Ajibu avundukula ketulo kuti athiremo masamba.
Kunsi kwa chivundikiro kwadzaza timadontho,
tija tinathawa, takumana ndi chitsulo chozizirirapo
tagwirananso, tikugwera momwe tinachoka.
Ndayang'anitsitsa mpaka andifunsa ngati ndikufuna tiyi.

Otsala khumi ndi anayi, ofewa onse.
Ndiwabweza kwa a Nachisale madzulo ano.
Magetsi akapanda kuzima
mawa adzakhala ataimanso pamzere.