Kompyuta Nambala 27

Folo koloko m'bandakucha kuno ku Daegu,
m'chipinda chapansi, kunsi kwa sitolo ya mankhwala,
makompyuta makumi asanu akupuma mpweya wotentha
ndipo ine Bonghwan, wa shifiti ya usiku,
ndagwada pansi pa tebulo ngati wotaya kandalama.

Nambala 27 yayambanso.
Kabatani kothamangitsa magemu,
komwe ndinakakankhira kumanja dzulo mpaka kubiriwira,
kabwerera kumanzere, kotuwa ngati phulusa la ndudu.
Palibe wakakhudza. Ndafunsa.

Pampandopo amakhalapo Dasom,
wa jekete lachikasu, akaweruka ku fakitale ya nsalu,
ulusi udakali m'tsitsi.
Salalata. Amangokweza dzanja
n'kuloza sikirini, pomwe msilikali wake wauma pakati pa mlatho,
mwendo uli m'malere, kwa theka la sekondi,
theka lokwanira kufa.
"Kazimanso," amatero, n'kubwerera ku manudozi ake.

Ndayesa zonse.
Ndasintha madalaivala a khadi la zithunzi.
Ndagula kabatire katsopano, kaja konga batani la malaya.
Ndapemerera fumbi m'mafani mpaka kuyetsemula zakuda.
Ndaletsa makinawa kuumira magetsi:
idya, ndinatero, bilu salipira ndiwe.
Ndinalowa mpaka m'kaundula wa m'kati mwenimweni,
mtima uli phaphapha,
n'kusandutsa ziro mmodzi kukhala wani.
Kanabiriwira. Ndinadya kimbapu wanga ndikuimba mluzu.
Kutacha, mbuu.

Usiku wachisanu ndi chimodzi ndinaitukwana.
Wachisanu ndi chiwiri ndinaipepesa.

Lamulungu Mayi Byeon, eni malo, anatsika masitepe,
makiyi ali wejeweje m'chiuno.
Anandimvera akuwerenga ndalama, osadzutsa mutu.
"Iwe, sunadziwe? Makina onsewa amaiwala.
Ndinalipira kuti aziiwala.
Ukangowazimitsa, amakatenga chithunzi chawo chakale
ku seva, kuseri kwa fuliji,
n'kudzuka monga analili tsiku lomwe tinawajambula.
Mapasiwedi a anthu, zotukwana, mavairasi, zonse psiti.
Nambala 27 inabwera mochedwa, madzi atationongera inzake.
Mwina tinaijambula kabatani kali kozima."
Anamanga ndalama ndi labala. "Kiyi nayu."

Ndiye kuti sinali mwano.
Sinali nthenda, kapena chiwanda cha m'mawaya.
Usiku uliwonse inkandimvera ndithu,
m'mawa n'kubwerera kwa imene inauzidwa kuti ndiyo.

Kachipinda ka seva n'kopanikiza, kamanunkha pulasitiki wofunda.
Ndinamasula loko wa chithunzicho,
n'kukankha kabatani kamodzi, kamodzi kokha,
n'kutsekanso.
Ntchito ya mphindi zinayi, itandidyera sabata.

Ndinatsalira momwemo pang'ono, nsana pa fuliji.
M'thumba la jekete muli fomu ya sukulu ya zamagetsi,
yopindapinda, m'makona mwachita kufewa.
Usiku uliwonse cha m'ma fili koloko ndimaidzaza m'mutu,
ndimasiya ndudu, ndimaimbira mlongo wanga ku Pohang.
Ndikadzuka masana, makatani ali otseka,
zonse mbuu.
Kaya anandijambula liti.
Kaya kiyi wake ali m'chiuno mwa yani.

Ndinazimitsa 27. Ndinayatsa.
Ndinazimitsanso, dala, katatu konse.
Kobiriwira. Kobiriwira. Kobiriwirabe.

Dasom anafika teni koloko, chipale chikusungunuka paphewa.
Sindinamuuze kanthu.
Ndinaima pa kauntala ndikupukuta kapu youma kale,
maso ali pa dzanja lake lamanzere.
Msilikali anafika pa mlatho,
anaponda, anaponda, anaoloka.
Dzanja silinakwere.

Patsogolo pang'ono anamuombera ndithu,
pa kona poyera, chifukwa cha phuma lake lomwe.
Anamenya tebulo, n'kuseka yekha,
kenako anaitanitsa manudozi ena, oika dzira.