Zaka Khumi za Marlys

Ku ofesi ya penshoni ku Duluth
makina anandilavulira kapepala: nambala 62.
Chipale chinkasungunuka pa nsapato zanga
n'kupanga kachithaphwi pansi pa mpando,
ine n'kumakabisa ndi phazi ngati mwana wolakwa.

Ndinabwera ndi zonse m'jumbo:
chikalata cha imfa ya Arvo,
malisiti a lendi a zaka makumi awiri ndi zitatu,
bilu ya magetsi ya mayina athu awiri,
ndi chithunzi cha padoko pomwe ankapakira miyala ya chitsulo,
atavala chipewa chomwe ndinamulukira,
chija chinafupika khutu limodzi.

Mnyamata wa pawindo anali waulemu ndithu.
Anafunsa tsiku la ukwati.
Ndinati tsiku tinalibe, tinali ndi masiku.
Anayang'ana kompyuta, kenako manja ake.
"Pepani mayi. Mpata uwu umafuna deti."

Ndinafuna kumuuza za chifuwa cha Arvo,
momwe chinkalirira usiku ngati chitseko chadzimbiri,
za beseni, za supuni yomwe ankaikankha ndi lilime,
za zikhadabo zakumapazi zomwe ndinkamuwenga
msana utakana kuwerama.
Koma kumbuyo kwanga nambala 63 anali atayamba kutsokomola.

"Pepala n'lachiyani, Ilene?" ankatero Arvo.
"Ndinasainapo kamodzi, linandiwotcha zala."
Ine n'kumaseka. Chilimwe chikubwerachi, tinkatero.
Zengerezu adalinda kwawukwawu.

Potuluka ndinamuona pabenchi, ndodo ili pakati pa mawondo.
Marlys. Tinaonanapo kamodzi, kumaliro,
iye mbali iyo ya bokosi, ine mbali ino.
M'manja mwake nambala 71
ndi envelopu imodzi yokha, yopyapyala.

Anasuntha jekete kuti ndikhale.
"Akukaniza," anatero. Silinali funso.
Kenako: "Zanga zinali khumi ndi miyezi iwiri.
Mchemwali wanga ndiye anandinong'oneza za lamulolo,
kuti ukachoka khumi zisanakwane watuluka chimanjamanja.
Chaka chomaliza ndinkadula masiku pakalendala
kuseri kwa chitseko cha bafa, nditakhoma.
Mbale zonse za amayi anga anaswa chaka chimenecho."

Anandionetsa dzanja. Chala chaching'ono chinapolera chokhota.

"Iwe unapeza munthu atasiya botolo.
Ine ndinakwatiwa ndi botololo."

Ndinali nditamukonzera mawu kuyambira kumanda,
akuthwa, onola bwino.
Anasungunukira m'kamwa ngati chipale chija.
Arvo wanga ankathirira tomato pawindo
n'kumawayankhula m'Chifinishi.
Arvo wake sindinakumanepo naye,
koma boma likumudziwa, lili ndi deti lake.

Ataitana 71 anandisiyira jekete kuti ndimugwirire.
Ndinaligwira. Linkanunkha mankhwala opaka mawondo.
Ndinamuona akusaina pang'onopang'ono,
chala chokhota chija chitaima padera
ngati mboni yokana kulumbira.

Tinakwera basi imodzi, ya kumtunda.
Anatsika patsogolo pa ine, pafupi ndi chipatala,
osatsanzika, anangogogoda galasi ndi ndodo.

Kunyumba ndinapeza bilu ya magetsi m'bokosi.
Arvo Lahtinen ndi Ilene Sorvari.
A magetsi okha ndiwo anatikwatitsa,
ndipo akufuna ndalama zawo pofika pa 15.