Mpando Wotsala

Minibasi yathu ili ndi mipando isanu ndi inayi.
Lachinayi lapitali mkulu wina wa ku Hamburg
anadya nkhanu zosapsa ku Copacabana,
m'mimba mwake mukubangula mikango,
ndalama atalipira kale.
Osmar, dalaivala, anandiyang'ana pagalasi:
"Jurandir, mpandowu upita wokha kunkhalango?"

Ndinaimbira amayi.

Zaka makumi awiri ndi zitatu akuchapa zofunda
mu hotela yomwe timatengamo alendowa.
Nkhalango ya Tijuca amaiona m'mawa uliwonse
pazenera la kukhitchini, pamwamba pa malata a anzathu,
ngati mlamu wolemera
amene supita kwake usanaitanidwe.

Pakapepala kathu tinalemba: nsapato zolimba,
botolo la madzi, mankhwala a udzudzu.
Iwo anabwera ndi patapata,
ambulera, ndi malalanje anayi m'jumbo.

Msewu unakhota, unakhotanso,
Rio n'kutsalira m'munsi ndi mahutala ake.
Tinatsika. Kamphepo kakununkha masamba owola.
Banja la ku Osaka linagwada kujambula nyerere,
mtsikana wa ku Toronto anakweza foni kumwamba
ngati akupempha mvula.

Pamtengo waukulu ndinayamba mawu anga aja,
omwe lilime limawadziwa lokha ine ndikuganiza zina:
kuti phiri lino linametedwa mpala chifukwa cha khofi,
akasupe a mzinda anauma,
ndipo akapolo owerengeka anasenza mbande
kukwera nazo kuno, dzenje ndi dzenje, chaka ndi chaka.
Alendo anagwedeza mitu monga mwa masiku onse.
Amayi ankamvetsera ngati akuwerenga chenji.
"Mayina awo anali ndani?"
Ndinawaonapo penapake mayinawo.
Ndimadziwa dzina la Chilatini la kanyani
kamene kamatibera nthochi,
koma apa pakamwa panga panati gwa.

Pachitunda, pomwe ndimapumitsa anthu kawiri,
patapata uja anadutsa nsapato zonse zodula,
thapu, thapu, thapu, osacheuka.
Kwathu masitepe ndi mazana awiri,
ndipo amawakwera ndi botolo la gasi pamutu.

Mathithi umayamba wawamva usanawaone,
ngati sitima yomwe ikubwera koma yosafika.
Kenako mitengo inapatuka.
Madzi oyera mbee akutsika pathanthwe lakuda,
nthunzi yake ikutinyowetsa nsidze.
Makamera anadzuka onse pamodzi.
Amayi anaima, dzanja m'chiuno.

"Madzi onsewa," anatero,
"mpopi wathu utauma kuyambira Lolemba."

Sindinamasulire.

Anavula patapata, nakwinya siketi m'maondo,
nalowa m'dziwe pang'onopang'ono
ngati munthu wolowa m'tchalitchi cha eni.
Anamiza manja.
Manja omwe akhala m'madzi moyo wonse,
osweka ndi sopo, zikhadabo zodyeka,
lero anali m'madzi opanda chochapa.
Ankangowatembenuza, kuwayang'ana,
ngati a munthu wina.

Ndandanda imatipatsa mphindi makumi awiri pano.
Ndinayang'ana wotchi, ndinaiika m'thumba.
Mayi wa ku Osaka anavula masokosi, nalowa nayenso.
Sanamvane liwu ndi limodzi lomwe,
koma anagawana lalanje,
makoko akuwasunga bwinobwino m'jumbo.
Kutali kumsewu Osmar analiza hutala katatu.

Dzuwa litapendeka pang'ono tinali pageti la hotela.
Alendo anandifumbatitsa timapepala topindapinda,
nalowa pachitseko chagalasi chotseguka chokha.
Amayi amayamba ntchito 2 koloko.
Khomo lawo lili kuseri, pafupi ndi mabini.

Asanakhote anabwerera,
m'mphepete mwa siketi mukadali monyowa,
nandiika lalanje lotsala m'manja
monga anaonera anzawo akuchitira.
"Umayankhula mothamanga," anatero.
"Ndipo ukawafufuze mayina aja."