Makaniko Atsanzikana ndi Jenerale Colque

Bambo ako ankalowa pansi ku Llallagua,
nyali pamphumi, kukaswa miyala mumdima,
mpaka chifuwa chinawatha.
Iwe unati: ine pansi ayi.
Unafika ku El Alto ndi sutikesi yomanga ndi chingwe,
makutu ali psuu ndi chisanu,
ndipo ine Dionisio, wamanja a girizi,
ndinakuseka.

Kuno ndege imathamanga mtunda wautali isanavomere kunyamuka.
Mpweya ngwochepa, injini imachita wefuwefu
ngati nkhalamba pachitunda.
Tsiku loyamba kuuluka wekha unatera monjanja katatu,
tayala lakumanzere phuu!
Unatsika miyendo ili njenjenje
n'kundifunsa ngati akudula malipiro.
Tinalisintha awiriwiri usiku, osauza munthu.

Chaka chimene madzi anameza midzi ya ku Beni
unkauluka kasanu ndi kawiri dzuwa lisanalowe:
mpunga, mankhwala, mabulangete,
ndi mayi uja anachirira m'ndege momwemo
pamwamba pa mitambo.
Unabwerako malaya ali magazi okhaokha, ukuseka ngati wamisala.
Mwanayo anamutcha Remberto.
Ndimamva kuti pano amayendetsa basi.

Kenaka nyenyezi zinayamba kutera pamapewa,
ina pambuyo pa inzake,
ndipo "iwe" anauma pakamwa panga,
panamera "inu".

Anakupatsani ofesi ku La Paz,
kapeti, malamya awiri, zenera loyang'ana Illimani.
Dokotala atakuyezani maso anati kuuluka basi.
Munatola cholembera,
ndipo tsiku lina, mowa utakufikani pang'ono,
munandiuza kuti chimalemera kuposa ndege yodzaza katundu.

Ndi cholembera chomwecho
munatuma Ovidio Tarqui kuoloka mapiri
nkhungu isanachoke.
Tinakamupeza patatha masiku khumi ndi limodzi.
Ena akanatumiza kalata yadindo.
Inu munakwera nokha masitepe a kwa Felisa,
chipewa m'manja,
iye n'kukulavulirani pamamendulo.
Simunapukute.
Ndinali m'galimoto, ndinaona.

Sindikunena kuti munali mngelo.
Munandimana tchuthi mayi anga ali kayakaya,
ndipo chilonda chimenecho chikadali ndi nkhanambo.
Ndalama zogulira zipangizo zitalowera kwina
munakhala duu miyezi isanu ndi umodzi,
ife tikuchotsa mabawuti pandege yakufa
kuti yamoyo iuluke.
Mutayankhula anakuchedwetserani nyenyezi yomaliza.
Imeneyonso ndikuiwerengera.

Lero perete. Malipenga, mbendera, nsapato zowala.
Wowerenga mbiri yanu walumpha chaka cha madzi chija,
koma sanaiwale maphunziro a kunja.
Ndege zinayi zadutsa pamwamba pathu,
yachitatu injini ikutsokomola chamumtima,
ndipo pakhamu lonselo
ndife awiri tokha tapendeketsa khutu.

Anthu atabalalika mwandipeza m'shedi
ndikupukuta masipanala oyera kale.
Mwavula jekete, mwaipachika paphiko,
nyenyezi zonse zikuyang'ana pansi.
Mwagwada movutikira, bondo likulira,
mwasisita tayala lakumanzere
monga munthu asisita mutu wa mdzukulu.
"Lili bwino ili?"

Zaka makumi atatu ndi zisanu ndi zitatu
zinaima pakhosi panga.
Ndinayesa kuchita saluti, mkono unakana.
Ndiye ndinangoti:
Remberto, iwe, tachoka apo,
udetsa thalauza.