Mlatho wa Zaka Ziwiri

Usiku ndimagulitsa mankhwala ku Paysandú,
pa famase ya pangodya pomwe basi yomaliza imatembenukira.
Odwala akatha, cha m'ma thu koloko,
ndimayatsa kompyuta pambali pa mabotolo a chifuwa
n'kulowa m'buku lija lopanda chikuto,
lomwe aliyense amalembamo, aliyense amafufutamo.
Mmenemo dzina langa ndi Kadzidzi.
Anandisankha kuti ndiziweruza milandu. Salipira.

Mlandu wa sabata ino ndi kamlatho kamiyala
ka pakhwawa la kumpoto kwa tauni,
kowolokera ng'ombe, mathirakitala, ndi akwati Loweruka.
Wina walemba: kanamangidwa mu 1931.
Wina wafufuta: 1934.
Woyamba wabweza. Wachiwiri wabwezanso.
Pofika Lachitatu chaka chasintha kakhumi n'kasanu,
mwini mlatho ali phee m'chifunga, sakudziwa n'komwe.

Wa 1934 ndi mphunzitsi wa ku Montevideo,
ali ndi buku la boma, tsamba 212.
Wa 1931 alibe buku.
Ali ndi agogo amene anasenza miyalayo,
amene mwala unawaphwanya chala
chaka chomwe mwana wawo woyamba anabadwa,
ndipo mwanayo ndi mayi ake,
ndipo chaka chobadwa mayi ako suuzidwa ndi mlendo.
Kenako anamutcha mphunzitsiyo dzina la nyama
ndi mawu ena oti sindingawabwereze nditavala yunifolomu.

Malamulo athu si ambiri.
Usabweze kopitirira katatu pa tsiku.
Limbana ndi mawu, mwini mawu umusiye.
Chimene ukudziwa, tisonyeze pomwe chinalembedwa.
Chala cha agogo sitingachiike m'munsi mwa tsamba.

Ndinamutsekera panja masiku atatu.
Ndi chala chimodzi basi, changa, chosaphwanyika.

Lachisanu m'bandakucha belu la pakhomo linalira.
Bambo Wilmar Techera, fulasiki m'khwapa,
adzagula mapiritsi awo a kuthamanga kwa magazi.
Anati, Ondina, sindikugona.
Pali kamunthu kena kodzitcha Kadzidzi
kandithamangitsa pa mlatho wa agogo anga.
Ndinawerenga mapiritsi, ndinasokoneza, ndinayambiranso.
Makumi atatu. Limodzi m'mawa mutadya.
Ndinati, kuona maso a nkhono n'kudekha, bambo.
Kulaibulale, pansi pa masitepe,
amasunga nyuzipepala zakale m'makatoni a sopo.
Anandiyang'ana nthawi yaitali ndithu,
n'kuiwala chenji pakauntala.

Papita masabata awiri.
Lero wabwera nacho chithunzi cha pepala lachikasu,
lodyedwa ndi njenjete m'mphepete:
chigumula cha mu 1932 chinakokolola mlatho woyamba,
anasiya mizati iwiri yokha, anamanganso pamwamba pake.
Mphunzitsi uja wawerenga, sanapepese,
wangosuntha kachizindikiro kopumira n'kulemba kuti chabwino.
Bambo Techera nawonso sanapepese.
Dzina la nyama lija likadali m'mbiri ya tsambalo,
pakuti buku lino siliiwala ngakhale chimene lafufuta.

Tsopano mzerewo ukuti:
unamangidwa mu 1931, unamangidwanso mu 1934.
Kanambala kakang'ono kali kumapeto, kukuloza umboni.
Za chala palibe.
Ndafufuza pepala lonse lachikasulo mpaka pa malonda a nsapato,
palibe amene analemba za mmisiri wophwanyika chala,
ndipo lamulo lomwe ndinalumbira kulisunga
likuti chimenecho sichinachitike mokwanira.

Folo koloko. Kunja galimoto ya zinyalala ikudutsa.
Munthu wina watsopano, wa ku Salto,
wangolemba kuti mizati inatsala itatu.
Ndathira madzi otentha m'chikho cha masamba owawa,
ndikudikira kuona ngati bambo Techera ali maso.
Chenji chawo chikadali m'kabati, m'kaenvelopu,
sindinasankhe dzina loti ndilembepo
kuti wachokera kwa yani.