Mutu wa Kalata

Ndimalembera anthu madandaulo
pansi pa masitepe a khoti ku Mangaluru,
marupi makumi atatu tsamba limodzi.
Taipi yanga ndi yakale, chilembo china chimatsimphina.

Honnappa anabwera koyamba mvula ili pakati,
ambulera yothyoka nthiti ziwiri,
mapepala ali m'jumbo ya kusitolo ya nsalu.
Anati: Lemba.
Lole yanga inagwa pakona yachisanu ndi chinayi ya ku Charmadi
itasenza anyezi.
Basi yotsika phiri inadya mbali yanga ya msewu
ndipo sinaime.
Anyezi anagubuduka mpaka kumtsinje,
anyani ankangoluma n'kulavula.

Ndinalemba. Pamwamba ndinaika dzina la bwalo
loweruza za chipukutamisozi pa ngozi za pamsewu.

Miyezi khumi ndi inayi itatha anatulukiranso.
Bwalo linamva za Moidu, mnyamata wokweza katundu
amene anathyoka chiuno. Anapatsidwa zake.
Linamva za mayi amene lole inamugumulira mpanda. Zake.
Litafika pa Honnappa, woweruza anavula magalasi:
Muno timamva amene galimoto ya wina yawapweteka.
Inu galimotoyo ndi yanu.
Mkangano wanu ndi a inshuwalansi ndi wa pangano,
ulibe mpando muno.

Anandifunsa ine, ngati kuti ndine ndinagamula:
Kodi ineyo sinandipweteke?
N'kundionetsa chala chimene sichipindanso.

Ndinachotsa tsamba loyamba lokha.
Nkhani yonse ndinaisiya momwemo,
anyani omwe aja, kona yomwe ija,
ndinangosintha mutu:
Kubwalo la madandaulo a ogula.

Kumeneko anafunsa kuti pangano linasainidwira kuti.
Ku Hassan, kumene mlamu wake ankadziwa kalaliki.
Nanga ngozi?
Apa m'pamene wapolisi anatulutsa chojambula chake:
mwala wa malire a maboma awiri
unali pansi pa mimba ya lole.
Matayala akutsogolo anagwera boma lina,
akumbuyo anatsala kwathu kuno.
Loya wa kampani, mayi Shailaja, anaimirira mwaulemu,
sanakane kuti lole inagwa,
sanakane kuti ndalama za chaka zinalipidwa.
Anangoti: Osati pano.

Amati mlandu suola.
Koma anyezi anaola sabata yomweyo.
Matayala anaola kuseri kwa polisi,
chitedze chalowera pazenera n'kukulunga chiwongolero,
galu waberekera pampando wa dalaivala kawiri.
Ngongole ya kubanki yokha siifunsa za malire.
Imadziwa khomo lake,
imafika pa tsiku lachisanu mwezi uliwonse
osasochera.

Kachitatu ndinalemba mutu wa khoti la ku Hassan.
Anakwera basi ya usiku, kudutsa pakona pomwe paja.
Akuti anatseka maso.
Kumeneko anamuuza kuti wachedwa,
ayambe wapempha chikhululukiro
cha zaka zimene anataya pogogoda zitseko zolakwika.
Chikhululukirocho ndinalembanso ndine,
masamba anayi.

Tsopano amayendetsa galimoto ya munthu wina,
kutuma njerwa ku Bantwal.
Akuti ikadzagwa imeneyo
adzadziwa kolowera, poti si yake.
Anaseka yekha. Ine ndinayang'ana riboni.

Dzulo wabweranso, tsitsi layera m'mbali,
jumbo ija yasanduka ziwiri.
Sindinadikire kuti alankhule.
Zala zanga zimaidziwa nkhaniyi
kuposa nambala ya foni ya mwana wanga:
kona yachisanu ndi chinayi, basi yosaima, anyezi.
Nditafuna kubweza pepala kuti ndiike mutu
anandigwira dzanja.

Pamwambapo usalembepo, anatero.
Siya mpata wa zala zitatu.
Ndikampeza woti nkhaniyi ndi yake
adzalembapo yekha dzina.

Anawerenga marupi n'kuika pataipi.
Ndinamubwezera khumi.
Tsamba loyambalo silinadzaze.